Anathawa nkhondo ku Kivu, ife tinawatsekera ku Dzaleka

Pa 17 Meyi 2023 apolisi ndi asilikali analowa ku Mgona ndi m'madera ena a mzinda wa Lilongwe kukasaka anthu othawa nkhondo amene ankakhala kunja kwa msasa wa Dzaleka. Bungwe la UNHCR linanena kuti anthu 377 anagwidwa n'kukatsekeredwa kundende ya Maula asanawatumize ku Dowa, ndipo 117 mwa iwo anali ana. Boma silinachite izi mobisa. Mu Malichi chaka chomwecho unduna woona za chitetezo cha m'dziko, umene unkatsogoleredwa ndi a Ken Zikhale Ng'oma, unali utalengeza kuti pofika pa 15 Epulo wothawa kwawo aliyense akhale atabwerera kumsasa. Ambiri tinaombera m'manja. Amene amakhala ku Chilinde, ku Kawale, ku Biwi kapena ku Area 23 anthuwa amawadziwa bwino: ndi aja timangowatchula kuti Maburundi, eni maokala otsegulidwa kusanache n'kutsekedwa anthu atagona, kumene mwana amatumidwa kukagula shuga wongopima, kandulo ndi sopo, nthawi zina pa ngongole. Kuseri kwa waya wa okala nthawi zambiri kumakhala mayi, mwana ali kumsana. Pa mkangano wonse umene unabuka pa wailesi ndi m'manyuzipepala tinakambirana za malonda, za makontena a ku Mgona ndi za chitetezo cha dziko. Za chimene mayi uja anathawa kwawo, ndi za kumene tinkamubwezerako, tinakambako pang'ono zedi.

Nkhanza zimene nkhondo imachitira amayi sizitsala pa mlatho wa Songwe munthu akamalowa m'dziko muno. Kulira kwa mfuti pakokha sikumene kumachititsa kuti mayi agwiriridwe. Chimene nkhondo imachita n'kumulanda zinthu ziwiri: njira yopezera chakudya popanda kugwadira mwamuna wina aliyense, ndi malo okadandaula akalakwiridwa. Paliponse pamene ziwirizi zasowa, nkhanza zimapitirira, kaya kuli zigawenga kaya kulibe. Ndondomeko yathu yosonkhanitsa othawa kwawo onse ku Dzaleka n'kuwaletsa kugwira ntchito imamulandanso mayiyu zinthu ziwiri zomwezo. Sitikuwombera munthu, n'zoona, ndipo Malawi ali ndi mbiri yabwino yolandira alendo. Koma dziko lingathe kutsegula chipata ndi dzanja lamanja n'kumaliza ndi lamanzere ntchito imene zigawenga zinayamba, ndipo ndikuona kuti ndi zimene tikuchita.

Tiyambe ndi chimene amayiwa anathawa. Pa nthawi ya kupulula anthu ku Rwanda mu 1994, nthumwi ya bungwe la United Nations inayerekeza kuti amayi ndi atsikana pakati pa 250,000 ndi 500,000 anagwiriridwa m'miyezi itatu yokha. Pa 2 Sepitembala 1998 khoti la mayiko onse lokhala ku Arusha linapeza Jean-Paul Akayesu, yemwe anali mkulu wa dera la Taba, wolakwa, ndipo kwa nthawi yoyamba khoti lotere linagamula kuti kugwirira amayi kungakhale njira yopululira mtundu wa anthu. Kum'mawa kwa Democratic Republic of Congo, kumene kumachokera anthu ochuluka a ku Dzaleka, nkhondo yakhala ikuzima n'kuyakanso kwa zaka pafupifupi 30. Dokotala Denis Mukwege anatsegula chipatala cha Panzi ku Bukavu mu 1999 akuganiza kuti azithandiza amayi oyembekezera, koma chinasanduka malo osokera matupi a amayi ong'ambidwa ndi zigawenga komanso asilikali a boma. Pofika 2018, pamene ankalandira mphotho ya Nobel pamodzi ndi Nadia Murad, chipatalachi chinali chitathandiza amayi masauzande ambirimbiri. Mu 2019 khoti la ku The Hague linalamula kuti Bosco Ntaganda akakhale kundende zaka 30 pa milandu yophatikizapo kugwirira ndi kusandutsa atsikana akapolo ogonana nawo. Ndipo zimenezi si mbiri yakale. Pa 27 Januwale 2025, zigawenga za M23 zikulowa mu mzinda wa Goma, akaidi aamuna anaphwanya ndende ya Munzenze n'kugwirira akaidi aakazi oposa 150, ndipo ambiri mwa amayiwo anafa ndi moto umene unabuka m'ndendemo.

Nkhani ya Munzenze ndi yofunika kuiganizira mofatsa, chifukwa amene anachita zimenezi sanali gulu lankhondo lotumidwa ndi mtsogoleri. Anali amuna amene anaona kuti alonda athawa, khoti kulibe, ndipo palibe adzawafunse. M'midzi ya ku Kivu, kum'mawa kwa Congo, amayi ambiri amagwidwa popita kumunda, kukatunga madzi kapena kukatola nkhuni, ulendo umene sangaleke kuyenda chifukwa ana ayenera kudya. Wochita nkhanza amadziwanso kuti manyazi onse adzagwera mayiyo. Mwamuna wake angamusiye, apongozi angamuthamangitse, mwana wobadwa pa kugwiriridwako angakule wosalidwa, ndipo matenda monga HIV ndi fisitula amatsala naye nkhondo itasamukira kwina. N'chifukwa chake magulu ankhondo amakonda njira imeneyi: siifuna zipolopolo, koma imaphwasula banja, imabalalitsa mudzi, n'kusiya minda ndi migodi yopanda eni. Mayi akafika ku Karonga atadutsa Tanzania pa malole ndi wapansi, amakhala atasenza zonsezi, ndipo kawirikawiri amakhala yekha ndi ana. Chimene akufuna choyamba ndi chitseko chokhala ndi loko, ndi ndalama yake yogulira ufa.

Amalawi a zaka zopitirira 40 sayenera kuuzidwa zimenezi ngati nthano ya kutali. Nkhondo ya Frelimo ndi Renamo ku Mozambique, imene inatha ndi mgwirizano wa ku Rome pa 4 Okutobala 1992, inathamangitsira kuno anthu pafupifupi miliyoni imodzi pamene ife eni tinali pafupifupi mamiliyoni asanu ndi atatu. Lipoti la Robert Gersony la mu 1988, lochokera pa zokamba za othawa nkhondo eni ake, linafotokoza mmene amayi m'madera olamulidwa ndi Renamo ankawakakamizira kusenza katundu ndi kugona ndi zigawenga, pansi pa thangata limene ankalitcha gandira. Kunali misasa, monga wa Mankhokwe ku Nsanje, koma ambiri mwa anthuwa anakhala m'midzi ya ku Ntcheu, Dedza, Mwanza ndi m'madera ena a m'malire, pakati pa abale olankhula chinenero chimodzi. Mafumu anawapatsa pomanga, anachita maganyu, ena anakwatirana ndi eni mudzi. Nkhalango zinatha, zipatala zinadzaza, mavuto analipo ndithu. Koma dziko silinagwe, ndipo nkhondo itatha ambiri anabwerera kwawo. Mu 2016 zinachitikanso: anthu oposa 10,000 ochokera ku Tete anaunjikana pa Kapise ku Mwanza, akusimba za kuotchedwa kwa nyumba ndi kugwiriridwa kwa amayi, ulendo uno akuloza chala asilikali a boma, mpaka msasa wa Luwani ku Neno unatsegulidwanso. Dziko losauka kuposa mmene lilili lero linakwanitsa kusunga miliyoni. Lero tikuti anthu osafika 10,000 amene ankakhala m'matauni ndi m'maboma anali chiopsezo.

Tsono tione kumene tinawabwezera. Dzaleka inali ndende ya akaidi andale m'nthawi ya Kamuzu Banda, ndipo inasandutsidwa msasa wa othawa nkhondo mu 1994. Inakonzedwa kuti isunge anthu pakati pa 10,000 ndi 12,000. Pofika 2023 munali anthu oposa 50,000. Pamene Malawi ankalowa m'pangano la mayiko onse la 1951 lokhudza othawa kwawo, anakana kumangidwa ndi zigawo zingapo, kuphatikizapo zonena za ufulu woyenda, wolembedwa ntchito ndi wokhala ndi katundu, ndipo lamulo lathu la othawa kwawo ndi la mu 1989, lolembedwa m'nthawi ya chipani chimodzi poganizira anthu a ku Mozambique amene ankayembekezeka kubwerera msanga. Koma wa ku Kivu abwerera liti? Ku Dzaleka kuli anthu amene anabadwira komweko, anaphunzira komweko, ndipo tsopano akulera ana awo komweko, osaloledwa kukafuna ntchito ku Kanengo. Moyo wawo umadalira thandizo la World Food Programme, ndipo mu 2023, chaka chomwe boma linkathiramo anthu ena, bungweli linachepetsa thandizolo mpaka theka la zimene munthu amafunikira kuti adye. Kuchokera apo mayiko olemera apitiriza kuumitsa dzanja. Mayi wa ana anayi amene ndalama yothandizidwa yamuthera mwezi usanafike pakati, wopanda munda, wopanda chilolezo chotuluka, amatsala ndi chinthu chimodzi chimene amuna okhala ndi ndalama amafuna kugula. Tisachite manyazi kutchula zimenezi, pakuti ndife tinayala mphasa yake.

Umboni ulipo. Mu 2022 ofesi ya United Nations yolimbana ndi umbanda, UNODC, pamodzi ndi apolisi a kuno, inaulula gulu la ozembetsa anthu logwira ntchito mkati mwa Dzaleka. Anthu oposa 90 anapulumutsidwa. Amuna ambiri anali a ku Ethiopia, pamene atsikana ndi amayi, a zaka pakati pa 12 ndi 24, anali ochokera ku Ethiopia, Burundi ndi Congo. Ena ankawagwiritsa ntchito ya uhule mumsasa momwemo, ena ankawatumiza kumayiko ena a kuno kum'mwera kwa Africa. Akuluakulu a ofesiyi anasimba za malo onga msika kumene anthu ankabwera kudzagula ana. Zonsezi zinadziwika chaka chathunthu galimoto za apolisi zisanafike ku Mgona. Boma linali ndi nkhaniyi m'manja, linkadziwa kuti msasawo wadzaza kanayi kapena kasanu kuposa mlingo wake, ndipo linatengabe amayi ndi ana amene anali atadzipezera pokhala n'kukawathira pamalo pomwe ozembetsa anthu anali atangogwidwa kumene. Ena atafika analibe ndi pogona pomwe, anayamba aunjikana m'matenti ndi m'nyumba zolandirira alendo, amuna ndi akazi osadziwana.

Yerekezani zimenezi ndi chimene kaokala ka ku Chilinde kamam'patsa mayi wotere. Phindu lake ndi lochepa, koma ndi lake. Amalipira lendi, amatseka chitseko chake usiku, mwana wake amapita kusukulu ndi ana a eni dera n'kumalankhula Chichewa chosapunduka. Ali ndi anansi amene amva akakuwa, ali ndi amayi anzake a kutchalitchi ndi a banki m'khonde, amasonkha nawo pamaliro. Mwamuna womuzunza angathe kumusiya chifukwa sadalira iye kuti adye. Komabe ngakhale mayi ameneyu lamulo lathu limamusiya pambalambanda. Popeza kukhala kwake m'tauni n'koletsedwa, landilodi akamufuna, kasitomala akamugwira, kapena wina wovala yunifolomu akamuopseza, sangapite ku Victim Support Unit ya polisi ya Kawale, chifukwa funso loyamba limene akuliopa ndi lakuti chiphaso chake chili kuti. Wogwiriridwa amayenera kufika kuchipatala pasanathe maola 72 kuti alandire mankhwala omuteteza ku HIV. Mayi woopa kugwidwa amakhala m'nyumba masiku atatu amenewo akudzithowa ndi madzi otentha. Amuna ankhanza amadziwa bwino amene sangakanene. Motero lamulo limodzi lomwelo likuvulaza mayi wa mkati mwa msasa pomusowetsa chochita, ndi wa kunja pomutseka pakamwa.

Otsutsa amayamba ndi chitetezo, ndipo nkhawa yawo si yopanda pake. Pakati pa anthu amene anachoka ku Rwanda mu 1994 panali amene anapha anzawo, ndipo ena anabisala kuno. Koma taonani mmene anabisalira. Vincent Murekezi, amene anatumizidwa ku Rwanda mu Januwale 2019, anali wamalonda wodziwika wokhala ndi pasipoti ya Malawi. Fulgence Kayishema, woganiziridwa kuti anatsogolera kuphedwa kwa anthu pafupifupi 2,000 m'tchalitchi cha Nyange, anagwidwa ku Paarl m'dziko la South Africa mu Meyi 2023, mwezi womwe ife tinkadzaza Maula ndi ana, ndipo ofufuza ananena kuti mwa ziphaso zimene ankabisalira nazo munali za ku Malawi. Munthu woopsa weniweni amakhala ndi ndalama, ndipo ndalamazo zimamugulira mapepala m'maofesi athu omwe. Dzenje lili kumeneko. Kusaka mayi wogulitsa tomato ndi mafuta ophikira pofuna kugwira anthu otere kuli ngati kuotcha nkhokwe yonse pofuna khoswe mmodzi, khosweyo ali m'nyumba mwa mwini nkhokwe. Ndipo ngati cholinga n'kudziwa amene ali m'dziko, boma limamudziwa bwino munthu wolembetsedwa, wokhala ndi chilolezo cha khonsolo, wodziwika kwa mfumu ya m'dera lake, kuposa munthu amene lamuchititsa kubisala.

Chotsutsa chachiwiri ndi chimene chimamveka kwambiri m'minibasi ya ku Chilinde: alendowa akutilanda malonda. Mnyamata wa kuno amene anamaliza Fomu 4 n'kusowa ntchito, n'kutsegula okala yake imene inagwa pasanathe chaka pamene ya mlendo ikukula, mkwiyo wake ndi womveka. Koma tifunse moona mtima: kodi maokala aja atatsekedwa mu 2023, mtengo wa shuga unatsika? Kodi achinyamata a ku Kawale analemera? Chimene chinagwetsa wamalonda wamng'ono m'zaka zimenezi n'kugwa kwa kwacha mu Meyi 2022 ndi mu Novembala 2023, kusowa kwa ndalama zakunja ndi chiwongoladzanja chokwera cha ngongole, ndipo palibe chimodzi mwa izi chimene chinachokera ku Bujumbura. Eni nyumba amene ankalandira lendi, alimi amene ankagulitsa soya ndi mtedza ku Mgona, ndi achinyamata amene ankasenza matumba anataya nawo. Ngati vuto n'lakuti ena sapereka msonkho, mankhwala ake n'kuwalembetsa kuti apereke. Tikumbukenso kuti mawu akuti alendo akutilanda ntchito ndi omwe anamveka ku South Africa mu 2008 ndi mu 2015, pamene boma lathu linachita kutumiza mabasi kukatenga Amalawi othawa zikwanje ku Durban. Ku Chilinde n'kovuta kupeza banja lopanda m'bale ku Joni, ndipo ambiri mwa abalewo alibe mapepala.

Chachitatu n'chakuti ifenso tili ndi amayi athu ovutika, nanga bwanji tiyambe kulirira a eni. Kafukufuku wa National Statistical Office wa 2015 mpaka 2016 anapeza kuti mayi mmodzi mwa atatu alionse m'dziko muno anamenyedwapo, ndipo mmodzi mwa asanu anakakamizidwapo kugonana. Izi n'zoona ndipo n'zochititsa manyazi. Koma amene akuganiza kuti nkhanza za mtundu wa ku Kivu sizingachitike kuno waiwala Msundwe. Pa 8 Okutobala 2019, dziko likutokota ndi zionetsero zotsutsa zotsatira za chisankho cha Meyi, anthu anatseka msewu wa Mchinji pofuna kuletsa otsatira DPP kupita ku msonkhano wa Pulezidenti Peter Mutharika mu mzinda wa Lilongwe, ndipo wapolisi, Usumani Imedi, anaphedwa ndi miyala. Imfa yake inali yankhanza ndipo palibe angaikhululukire. Apolisi atabwera kudzabwezera ku Msundwe, M'bwatalika ndi Mpingu, amuna ambiri anali atathawa, ndipo mkwiyo unagwera amene anatsala m'nyumba. Bungwe la Malawi Human Rights Commission linafufuza n'kupeza kuti apolisi anagwirira ndi kuchita zolaula amayi ndi atsikana. Amuna onyamula mfuti analanga mudzi wonse podzera m'matupi a akazi ake, ndendende mmene zimachitikira kumene kuli nkhondo, pamalo pamene munthu wochoka ku Chilinde amafika pasanathe maola awiri.

Zimene zinatsatira zikutiphunzitsa zambiri. Bungwe la maloya aakazi la Women Lawyers Association linatengera nkhaniyi ku khoti, ndipo mu Ogasiti 2020 Jaji Kenyatta Nyirenda anagamula mokomera amayi ndi atsikana 18, n'kudzudzula apolisi chifukwa cholephera kufufuza anzawo. Boma linalipira chipepeso choposa K100 miliyoni kuchokera m'thumba la okhoma msonkho. Koma zaka zinadutsa popanda wapolisi ndi mmodzi yemwe kuweruzidwa pa mlanduwu. Amayi a ku Msundwe anali nzika, anali ndi maloya, anali ndi manyuzipepala ndi akazembe kumbuyo kwawo, ndipo chilungamo anangochipeza theka. Nanga mayi wa ku Uvira ku Congo wopanda chiphaso angayembekezere chiyani? Apa ndi pamene nkhani ya amayi athu ndi ya amayi a eni ikukumana. Wapolisi amene wazolowera kuti pali gulu la akazi amene sangakanene sadzafunsa mtundu wa mkazi wotsatira. Msundwe inachitika DPP ikulamula, Maula inachitika MCP ikulamula. Palibe chipani chimene chingaloze chinzake chala pa nkhaniyi.

Pali chotsutsa china chimene ndimachiona cholimba kuposa zonse, ndipo chimachokera kwa anthu ofunira othawa kwawo zabwino. Iwo amati kumsasa n'kumene kuli thandizo: chipatala, sukulu za Jesuit Refugee Service, alangizi odziwa kuthandiza ogwiriridwa, ndi maofesi olembera anthu opita kukakhala kumayiko a azungu. Amati tauni si paradaiso. Mayi wosadziwa chinenero, wopanda mpamba, akaponyedwa ku Chinsapo angathere m'mabala, ndipo tsiku limene anthu akwiya okala yake ndi imene imayamba kuthyoledwa. Zonsezi ndikuvomereza. Alipo amayi, makamaka ongofika kumene, odwala ndi okalamba, amene msasa ndi wowayenera. Koma zimenezi zikungosonyeza kuti msasa ukhalepo kwa oufuna, sizikusonyeza kuti aliyense akakamizidwe kukhalamo moyo wake wonse. Wochoka ku Dzaleka n'kukadziimira payekha amasiya malo, madzi ndi chakudya kwa wofooka amene watsala. Ndipo amene amapeza mwayi wopita kumayiko a azungu ndi ochepa kwambiri poyerekeza ndi amene akudikira. Kusunga mtsikana wa zaka 15 pamzere umene mwina sudzamufika, n'kumuletsa china chilichonse chimene angachite ndi manja ake, sitingakutche kumuteteza. Za Dzaleka yomweyo tikudziwa zimene anthu ake amatha akapatsidwa mpata: chikondwerero cha Tumaini, chimene anayambitsa mlakatuli wa ku Congo Menes La Plume mu 2014, chimakoka anthu a mu Lilongwe kupita kumsasa chaka ndi chaka, ndipo amayi ophika ndi osoka amapezapo ndalama.

Chodabwitsa n'chakuti dziko lomweli lakhetsa magazi a ana ake poteteza amayi omwewa ali kwawo. Asilikali a Malawi Defence Force akhala ali kum'mawa kwa Congo kuyambira 2013. Mu Novembala 2018 asanu ndi mmodzi anaphedwa pafupi ndi Beni polimbana ndi zigawenga za ADF, ndipo mmodzi wa iwo, Chancy Chitete, amene anafa akupulumutsa mnzake wa ku Tanzania, anapatsidwa mendulo yapamwamba kwambiri ya United Nations ya asilikali osungitsa mtendere. Mu Januwale 2025 ena atatu anafa pa nkhondo ya M23, Pulezidenti Lazarus Chakwera asanalamule kuti gulu limene linapita pansi pa SADC libwerere. Malawi anakhazikitsanso ndondomeko yake yokwaniritsira chigamulo 1325 cha United Nations, cha mu 2000, chonena za amayi, mtendere ndi chitetezo. Tili ndi lamulo loletsa nkhanza za m'banja la 2006, la kusasiyana pakati pa amuna ndi akazi la 2013, ndi loletsa kuzembetsa anthu la 2015, ndipo palibe mwa malamulowa limene limati wotetezedwa ndi nzika yokha. N'zosamveka kuti msilikali wathu afere mayi wa ku Beni ali ku Beni, koma mayi yemweyo akafika ku Area 25 timukweze galimoto ya apolisi ndi ana ake.

Anansi athu anayesa njira zina. Uganda, amene akusunga othawa kwawo oposa miliyoni imodzi ndi theka, anawapatsa m'lamulo la 2006 ufulu woyenda ndi wogwira ntchito. Tanzania inapereka unzika mu 2014 kwa anthu pafupifupi 162,000 a ku Burundi amene anathawa kwawo mu 1972, pamodzi ndi ana awo. Zambia inalola anthu a ku Angola amene anakhala zaka zambiri ku Meheba ndi ku Mayukwayukwa kukhazikika n'kupatsidwa minda. Mayikowa ali ndi zolakwa zawo, koma palibe limene linagwa chifukwa cha zimenezi. Malawi naye analonjeza pamsonkhano wa ku Geneva mu Disembala 2019 kuti aunikanso lamulo lake ndi kuthandiza othawa kwawo kudzidalira. Chimene chamveka kwambiri chiyambireni ndi ganizo lomanga msasa wina ku Kayilizi m'boma la Chitipa, kutali ndi misika, kutali ndi makhoti, kutali ndi atolankhani.

Zofunika kuchita si zodula. Lamulo la 1989 lisinthidwe kuti wothawa kwawo amene wafufuzidwa n'kuvomerezedwa apatsidwe chiphaso chomulola kukhala ndi kugwira ntchito kunja kwa msasa, akhome msonkho ngati wina aliyense. Mkulu wa apolisi angathe kulamula mawa lomwe, popanda kudikira Nyumba ya Malamulo, kuti mayi wobwera kudzadandaula za kugwiriridwa kapena kumenyedwa asafunsidwe za mapepala ake mpaka dandaulo lake litalembedwa ndipo waonana ndi dokotala. Mlandu wa Msundwe ufike kumapeto, apolisi amene anachita zija aimirire pamaso pa woweruza ndi mayina awo. Inu a ku Chilinde, Kawale ndi Biwi muli ndi aphungu ndi makhansala amene amabwera pamaliro ndi pamisonkhano ya m'dera. Akabwera, afunseni kuti lamulo la othawa kwawo lifika liti m'Nyumba ya Malamulo, ndipo iwo adzavota bwanji.